Kufunira Mboni Alamu Anga a Nedson

Ine ndi amene ndinabweretsa wailesi ya kanema yoyamba muno mu Kafue. Ndinaisenza pamutu kuchokera ku Lusaka, wapansi, iyo ikuwerenga nkhani njira yonse, moti nditafika pa Chilanga anthu anandithawa poganiza kuti mutu wanga wayamba kuyankhula Chingelezi. Chabwino, limenelo ndi bodza. Inabwera pa sitima ili m'bokosi, ine ndinangogwirako chingwe poitsitsa. Koma zimene ndikulembazi, za alamu anga a Nedson Chidothe, ndi zoona, ndipo vuto lagona pomwepo. Zoona zikamatuluka m'kamwa mwa ine Eugene, anthu a kwathu kuno ku Nangongwe amayamba kuseka ndisanamalize.

A Nedson anakwatira mlongo wanga Tereza, amene anatisiya kale. Iwo anabadwira m'nyumba za njanji, bambo awo atachoka ku Dedza kudzamenya misomali ya njanji kuno. Ali anyamata anali owonda kwambiri, moti akaima chammbali kapitawo ankawalemba kuti sanabwere kuntchito. Ntchito yawo inali ya ukalaliki pa shedi ya katundu, pa siteshoni. Kumeneko anthu ankakangana tsiku lonse: thumba lasowa, nkhuku zafera m'njira, njinga yafika yopanda tcheni. Akalaliki ena ankakuwa nawo. Alamu anga ankangokhala phee, pensulo kukhutu, kumvetsera mmene munthu amatukwanira akamaopa kutukwana.

Anayamba ndi masewero a kutchalitchi. Chaka china pa Khirisimasi analemba Herode woyankhula ndendende ngati kapitawo wa pa shedi, mpaka kukanda m'khutu ndi kiyi. Anthu anaseka mabenchi n'kuthyoka, kapitawo mwiniwake ali pampando wakutsogolo, akuwomba m'manja osadziwa kanthu. M'gulumo munali bambo wina wogwira ntchito ku nyumba ya tivi ku Lusaka, amene anadzacheza kwa achibale. Tinali titangolandira ufulu, ndipo kumeneko ankasakasaka munthu wolemba masewero m'chinenero choti amayi athu amve. Basi, kalaliki wowonda uja anayamba kukwera sitima ya ku Lusaka mlungu ndi mlungu, mapepala m'chikwama cha Tereza cha kumsika.

Ana inu simungamvetse ntchito imeneyo. Masiku amenewo sewero silinkajambulidwa n'kusungidwa ayi. Zimene ochita sewero ankachita mu situdiyo ndi zomwe inu munkaona nthawi yomweyo. Munthu akaphunthwa, dziko lonse laphunthwa naye. Akaiwala mawu, dziko lonse likumuyang'ana kukamwa. Chipinda chinali chimodzi, chitseko chimodzi, makamera awiri olemera ngati ng'ombe zapangolo, ndi magetsi otentha oti mutha kuwotcherapo chimanga. Wolemba sankangolemba n'kupita kwawo. Ankaima kuseri kwa kamera, maso pa wotchi, ndipo nthawi ikachepa ankakupiza manja kuti adumphe tsamba, ikachuluka ankanong'oneza mawu atsopano pomwepo. Tsiku la sewero alamu anga sankadya. Tereza ankati akawapatsa tiyi, kapu inkalira pa sosala ngati belu la pa siteshoni.

Sewero limene linawatchukitsa linali lakuti Mkamwini wa Panjanji. Munali Jailosi, wosintha njanji, amene anakwatira asanapatsidwe nyumba, n'kukakhala kwa makolo a mkazi wake, m'kanyumba ka zipinda ziwiri. Mwambo mukuudziwa: mkamwini sayang'anizana ndi apongozi ake, sadyera nawo pamodzi, akawaona akubwera amapatuka. Kumudzi zimenezo n'zosavuta, tchire lilipo lokwanira. Nanga m'nyumba ya kampani upatukira kuti? Apongoziwo, a Kwenda, anali nkhalamba ya chikhoti chachikulu, chipewa chophimba maso, ndi chifuwa chomveka asanafike. Akangotsokomola panja, Jailosi uyo pawindo, mbale ili m'manja. Akalowa a Kwenda, akupeza mpando ukugwedera wokha. Ankakalipirana kudzera mwa mkaziyo.

Ife tinkaonera mu holo ya anthu a njanji, titapanikizana moti wina akayetsemula kutsogolo, wogwa anali wa pakhomo. Chithunzi chinkachita ngati kukugwa mvula, nkhope osaoneka bwino, koma zimenezo sizinatiletse. Amuna okwatira ankaseka akuyang'ana pansi. Ndimakonda kunena kuti tsiku la sewerolo ngakhale mvuu zinkatuluka mumtsinje kudzasuzumira pawindo. Mvuuzo chotsanipo ngati mukufuna, koma holo inkadzadzadi.

Zinatha mosakuwa. Kunabwera makina osungira zithunzi, kunabwera mafilimu akunja, kunabweranso bwana watsopano wofuna masewero a Chingelezi, a anthu odya ndi foloko. Alamu anga anayesa, koma Chingelezi chawo chinali chovala tayi, sichinkatha kuseka. Anabwerera kuno, n'kulowa mu ofesi ya pa fakitale ya nsalu mpaka inatsekedwa. Mapepala a masewero, amene sanapite ndi ochita sewero kukapichirira fodya, anadyedwa ndi chiswe m'katoni. Matepi ochepa amene anajambulidwa cha kumapeto anawafufuta n'kujambulirapo mpira. Iwo sankadandaula, ndiponso sankaikamba nkhaniyo. Woikamba ndinali ine, m'mabala, m'maliro, m'minibasi, ndipo pokamba ndinkathirako kamchere. Nthawi zina thumba lonse.

Mwezi wathawu kunabwera mtsikana wina wa ku Lusaka, dzina lake Gwendolyn, wogwira ntchito pa tivi ina yatsopanoyi. Akukonza pulogalamu ya akuluakulu amene anayambitsa masewero a pa kanema, ndipo dzina la a Nedson analimva kwa agogo ake. Kumalo osungira zakale sanapezeko kalikonse. Ndiye asanafike kunyumba anayamba wafunsa pamsika wa ku Nangongwe.

"Ba Nedson olemba masewero?" anatero mayi wogulitsa tomato. "Iyo ni nkhani ya ba Eugene. Funsaninso za ng'ona imene anaimanga ndi lamba."

Msika wonse unaseka. Ng'onayo ndinaimangadi, kungoti inali yakufa.

Gwendolyn anafikabe kunyumba, kumene alamu anga amakhala ndi mwana wawo Doreen. Ine ndinali pomwepo, chifukwa ndimadziwa nthawi imene Doreen amaphika. Mtsikanayo anagwada bwinobwino, n'kufunsa mwaulemu.

"Agogo, mkazi wa Jailosi dzina lake anali ndani?"

Alamu anga anatsegula pakamwa. Anayang'ana Doreen, anayang'ana khoma, anayang'ana manja awo. Zala zinayamba kusisita bondo. Ine ndinafuna kuwathandiza, koma dzinalo nanenso linali litandithawa, ndipo kwa kanthawi ndinaganiza zongopeka lina.

"Linali... linali dzina lalifupi," anatero. "Dikirani."

Tinadikira. Panja wogulitsa makala anadutsa akuitanira, n'kubwereranso akuitanirabe. Dzina silinabwere.

Potuluka, Gwendolyn anandikokera pambali pa geti. "Ba Eugene, osakwiya. Mabwana anga sangalole kuti ndiike munthu popanda umboni. Palibe tepi, palibe pepala, eni ake sakukumbukira. Ndipezereni munthu mmodzi amene analipo. Koma asakhale inu."

"Ine ndalakwa chiyani?"

"Mwandiuza kuti mvuu zinkaonera."

Anati abweranso Loweruka ndi wojambula, ndipo akapanda kupeza mboni apitirira ulendo wa ku Mazabuka, kumene kuli nkhalamba ina yokhala ndi zithunzi.

Za pulogalamuzo ine sizinandisowetse tulo. Chimene chinandiopsa ndi chimene Doreen anadzandiuza m'mawa mwake, atandipeza ndikusesa pakhomo panga. Sanandipatse n'komwe moni.

"Amalume, mwawaona adadi zimene mwawachita?"

"Ine? Ndawabera chiyani?"

"Sanadye. Akhala pabedi atavala nsapato. Andifunsa kuti, 'Doreen, kodi ndinalembadi masewero aja, kapena ndi Eugene anandiuza?' Ine ndiyankhe chiyani? Ndinali ndisanabadwe. Zonse zimene ndimadziwa ndinamva kwa inu, ndipo inu munandiuzanso kuti munabadwa ndi mano."

Ndinafuna kuseka koma sizinatheke. Alamu anga akhala akuiwala tinthu kwa kanthawi ndithu: kumene aika magalasi, dzina la wansembe watsopano, ngati amwa mankhwala. Zimenezo tonse timaiwala. Koma munthu kuyamba kukayikira ngati moyo wake unali wake, n'kumaganiza kuti mwina ndi nthano ya mlamu wake wabodza, chimenecho n'china. Tsiku lotsatira ndinakawaona. Anali pakhonde, nkhope kumsewu, ndipo sanandinyoze ngakhale pang'ono. Munthu amene kwa zaka zonsezi amandilonjera ndi mawu oti "wabwera kudzatha shuga" anangoti, "Khala, mulamu." Ndinachita mantha.

Mboni inali imodzi yokha yodziwika: Cephas, amene ankachita Jailosi. Anali mnyamata wokongola moti akadutsa pamsika azimayi ankabweza chenji chopitirira. Masewero atatha analowa malonda a nsomba, n'kukakhazikika ku Chanyanya. Tinali titatayana kalekale. Ndinauza alamu anga kuti ndikukamutenga, ngakhale pomubereka. Kwa nthawi yoyamba mlungu umenewo anandiyang'ana m'maso.

"Cephas akumbukira," anatero. "Cephas sankaiwala mawu. Akanena kuti zinachitika, ndiye kuti zinachitika."

Ndinanyamuka Lachisanu. Minibasi inali yoti ikakhota kumanja zitseko zimapita kumanzere, ndipo pamene inathera mphamvu ndinakwera njinga ya mnyamata wonyamula nsomba, ine kumbuyo m'malo mwa dengu. Ndinafika ku Chanyanya ntchentche zikundiperekeza ngati mkwati. Nditafunsa za ba Cephas, anandilozera nyumba ya kufupi ndi kumene amayanika maukonde.

Anatuluka mayi wina, mwana wake Felistus. Nditanena chimene ndadzera, anapukuta manja pachitenje nthawi yaitali.

"Bwerani muwaone," anatero.

Cephas anali pamphasa kuseri kwa nyumba, atamutsamiritsa kukhoma ndi mapilo. Matenda ofa ziwalo anamugwira mvula yapita ija. Mbali imodzi ya nkhope inagwa, dzanja lili pamwendo ngati la munthu wina. Sayankhula. Felistus anati nthawi zina amaoneka ngati akumva, nthawi zina ayi.

Ndinakhala pansi. Ndinamutchula dzina, ndinatchula la a Nedson, ndinatchula Jailosi. Diso lake limodzi linali pa ine, linalo kumtsinje. Ndinamukumbutsa za windo, za mbale, za chikhoti cha a Kwenda. Milomo inagwedera, kenako anatsokomola kwambiri, Felistus n'kuthamangira madzi. Dzanja lamoyolo linagwira malaya anga, silinafune kusiya. Ndinakhala choncho mpaka mwendo unachita dzanzi. Ine amene sindisowa chonena ngakhale pamaliro a munthu wosamudziwa, tsiku limenelo ndinangoti, "Chabwino, Cephas. Chabwino."

Pobwerera ndinkangoona alamu anga ali pamphasa ngati imeneyo. Ndikawauza kuti munthu amene sankaiwala mawu lero alibe ngakhale liwu limodzi, atsala ndi chiyani? Atsala ndi ine. Ndinafika kwanga, ndinazimitsa foni kuti Doreen asandipeze, n'kuyamba kukonza nkhani. Ndinalumbira kuti ikhala yaing'ono, yopanda mvuu.

Loweruka ndinapeza onse ali pakhonde. Gwendolyn anali atabwera ndi wojambula wake, kamera ili pamiyendo yake itatu koma yosayatsa. Alamu anga anavala suti yawo ya ukwati wa Doreen, imene tsopano ikanalowa anthu awiri. Ataona kuti ndalowa pageti ndekha, manja awo anayamba kusisita mawondo.

"Nanga Cephas?" anafunsa Doreen.

"Cephas ali bwino kuposa tonsefe," ndinatero ndikukhala. "Wanenepa. Kungoti ndinamupeza akukwera bwato, akupita kumisasa ya asodzi kukagula nsomba. Abwera mlungu wamawa. Koma alamu, munthu uja akukumbukira zonse! Nditangotchula dzina lanu anaimitsa bwato. Anati, 'Nedson Chidothe? Amene ankatilembera? Mutu ngati uja sudzabadwanso.' Anayamba kuchita Jailosi pomwepo m'bwatomo, asodzi kuseka mpaka wina kugwera m'madzi."

Apa ndinayenera kulekera. Alamu anga anali atasiya kusisita mawondo, ndipo Doreen anali akumwetulira. Koma Gwendolyn anali ndi funso.

"Manje ba Eugene, mlungu wamawa ine sindidzakhalako. Nanga amene ankachita apongozi aja, a Kwenda? Iwo ali kuti? Mwina tingawapeze lero."

"Aa, amenewo anamwalira," ndinayankha msanga, pofuna kutseka njira. "Cephas wandiuza."

Alamu anga anatembenuka pang'onopang'ono. "Wakuuza Cephas?"

"Ndi pakamwa pake."

"Anamwalira liti?"

"Papita zaka. Ku Kabwe."

"Ku Kabwe," anabwereza. "Anadwala chiyani?"

"Chifuwa chomwe chija. Mukuganiza kuti kunali kuchita sewero? Munthu uja ankadwaladi."

"Ooh. Cephas anapitako kumaliro?"

Ndinaona ngati nkhaniyo ikuwagwira mtima, ndiye ndinawonjezera moto. "Kupita kokha? Ananyamula nawo bokosi! Akuti analira kuposa mkazi wamasiye. Anayankhulanso kumanda, akuti, 'Apongozi, pa tivi ndinkakuthawani, lero mwandithawa ndinu.' Anthu anakomoka, alamu. Wansembe anachita kumupempha kuti asiye."

Doreen anapukuta m'maso. Ngakhale wojambula uja anagwedeza mutu. Ine ndinayamba kudzimva bwino.

Alamu anga anachotsa magalasi, anawapukuta ndi tayi, n'kuwavalanso. Atayankhula, mawu awo sanali a nkhalamba ya masiku apitawa. Anali a munthu amene wandigwira ndikutapa shuga.

"Mwana wanga," anatero kwa Gwendolyn, "a ku nyumba ya tivi anatipatsa anthu ochepa. Amuna odziwa kuchita sewero m'Chinyanja analipo awiri, ndipo winayo analedzera tsiku loyamba. Ndinatsala ndi mmodzi. Ndinakhala m'sitima ndikulira, ndikuganiza kuti ndilemba bwanji sewero la banja ndi mwamuna mmodzi. Tili pafupi kufika ndinakumbukira kuti pali amuna awiri amene mwambo suwalola kuonekera pamodzi."

Ndinaona Gwendolyn akugwira mkono wa wojambula, ndipo kagetsi kofiira kanayaka pakamera.

"Kuseri kwa chitseko kunali msomali. Pamsomalipo chikhoti, chipewa, ndi ndevu za thonje zopaka ulimbo. Jailosi akatulukira pawindo ankathamanga chowerama kuseri kwa khoma la mapepala, kuti kamera isamuone. Ine ndinkamulembera Enelesi mawu ataliatali odandaula, kuti Cephas apeze nthawi yovala za a Kwenda. Enelesi, ndiye mkazi uja munkafunsa. Akafika pa mawu oti 'ine ndatopa nawo amuna a m'nyumba muno', ndiye kuti ndevu zamata, chitseko chitseguke. Tsiku lina zinamatira kukhutu, ndinachita kumukankhira mkati chammbali. Kutsokomola koyamba kuja, kwa panja, Jailosi akadali patebulo, ndinkatsokomola ndine. Dzina la wochita a Kwenda limene linkalembedwa kumapeto linali la galu wa bambo anga. Tinapangana kuti tisauze munthu, ngakhale Tereza, makamaka chifukwa Tereza anali ndi mlongo wake."

Anandiloza ndi chibwano. Doreen anali atagwira pakamwa.

"Adadi, mukutanthauza kuti..."

"Ndinalemba ndine, Doreen. Uyu sakanatha kupeka zimenezi, alibe mutu wake."

Ine ndinayang'ana kumsewu ngati kukubwera munthu wondifuna. Kunalibe ngakhale mbuzi.

"Za Cephas undiuza bwinobwino alendo akapita, ndipo undiuza zoona, chifukwa nkhope yako yandiuza kale theka," anatero alamu anga, mawu atatsika. Kenako anasendeza mpando kufupi ndi ine. "Koma pakali pano tathandiza mwanayu, mulamu, poti iwe ndiwe unamva zonse. Ku Kabwe kuja, Cephas atanyamula bokosi lake lomwe, n'kudzilira yekha kumanda, anatulukamo nthawi yanji kuti akagule nsomba?"